Womanga nyumba za m'filimu angakhale bwanji producer? Za Yoshinobu Nishioka

Funso: "Ine ndi anzanga timajambula timafilimu tatifupi, ndipo gawo langa ndi kusaka malo ojambulira komanso katundu woika m'zipinda. Posachedwapa ndinaonera filimu ya ku Japan yotchedwa Dora-heita, ndipo pa mayina a anthu amene anaipanga ndinaona dzina la Yoshinobu Nishioka kawiri: monga wokonza maonekedwe a malo, komanso monga producer. Munthu mmodzi angagwire bwanji ntchito ziwirizi, poti wina ntchito yake ndi kudya ndalama pomwe winayo ndi kuziumira? Nanga munthuyu anali ndani?"

Zikomo achimwene, ndipo ndakondwa kuti mumawerenga mayina otuluka pa filimu, chifukwa ambiri amadzuka nkhani ikangotha. Ndiyambe ndi kukuuzani kuti ntchito ziwirizi sizidana monga mukuganizira. Komanso Nishioka sanakhale producer chifukwa chofuna mpando. Situdiyo imene anakuliramo inagwa ntchito ili pakati, amisiri anatsala padzuwa, ndipo panafunika munthu woti awasonkhanitse ndi kuwapezera ntchito. Munthu amene ankadziwa mtengo wa thabwa lililonse, amene ankadziwanso kalipentala aliyense ndi dzina, ndiye anasenza udindowo.

Koma kuti zimveke, muyambe mwadziwa kuti ntchito yake yoyambayo ndi yotani. Ku Japan mkulu wokonza maonekedwe a filimu amamutchula kuti bijutsu kantoku. Amawerenga nkhani yolembedwa isanajambulidwe, n'kukhala pansi ndi director komanso wa kamera, kenako amajambula papepala pulani ya nyumba iliyonse, msewu uliwonse, mlatho, chitsime, ndi miyezo yake. Pansi pake pali magulu a amisiri: omanga zinthu zikuluzikulu, osunga ndi kuika katundu wamng'ono monga mbale, nyali ndi malupanga, openta, odzala mitengo, ndi ena amene ntchito yawo ndi kukalambitsa zinthu, kuti khoma lomangidwa dzulo lioneke ngati lapyola m'mvula ya zaka 50. M'mafilimu onena za makedzana, amene kwawoko amati jidaigeki, palibe chimene mungangochipeza pamsewu. Kulikonse kumene kamera ingaloze kuli mawaya a magetsi, tara ndi magalasi. Choncho zambiri zimachita kumangidwa, ndipo gawo lalikulu la ndalama za filimu limadutsa pa mapepala a munthu ameneyu.

Nyumba yachikale ya ku Japan ili ndi vuto lakelake. Mulibe mipando yambiri, anthu amakhala pansi pa mphasa zolimba zotchedwa tatami, ndipo kukula kwa chipinda amakuwerenga potengera kuchuluka kwa mphasazo, iliyonse pafupifupi mamita 1.8 m'litali ndi theka lake m'lifupi. Makoma ambiri ndi zitseko zotsetsereka zomatidwa mapepala. Ndiye ngati mukufuna kusonyeza kuti uyu ndi mkulu wa asilikali, uyo ndi wamalonda wolemera koma wopanda ulemu, winayo ndi samurai (msilikali wa makedzana wa ku Japan) wosauka, mulibe sofa kapena kabati yoti ikulankhulireni. Zokulankhulirani ndi mtundu wa thabwa, kuyera kwa pepala, kutalika kwa denga, ndiponso mtunda umene uli pakati pa bwana ndi wogwada pamaso pake. Popeza anthu akhala pansi, kamera nayo imatsika, ndipo wokonza seti (malo omangidwa ojambuliramo) ayenera kuganiza zimene diso la munthu wokhala pansi limaona. Imeneyi ndiyo sukulu imene Nishioka analowa.

Anabadwa m'chaka cha 1922 ku Asuka, m'chigawo cha Nara, dera limene linali likulu la mafumu a Japan kalekale. Unyamata wake unadyedwa ndi nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ndipo nkhondo itatha anali m'gulu la asilikali a Japan amene anasungidwa ukaidi ku Siberia. Atabwerera kwawo analowa ntchito mu 1948 ku situdiyo ya kampani ya Daiei mumzinda wa Kyoto, m'dera la Uzumasa, kumene kunali phata la mafilimu a makedzana. Analowa pa nthawi yabwino. Mu 1950 situdiyo yomweyo inatulutsa Rashomon ya Akira Kurosawa, imene inapambana mphoto yaikulu ku Venice mu 1951 n'kutsegula maso a dziko lonse pa mafilimu a ku Japan. Chipata chachikulu chogumuka cha m'filimu imeneyo si cha Nishioka, ndi cha Takashi Matsuyama. Ndanena izi chifukwa anthu amakonda kupereka chilichonse chotchuka cha Daiei kwa munthu mmodzi. Nishioka panthawiyo anali wophunzira. Anathandizira Kisaku Ito, katswiri wochokera ku zisudzo za pasiteji, pa Jigokumon ya 1953, filimu yoyamba ya Daiei ya makala (osati yakuda ndi yoyera basi), imene inalandira mphoto yaikulu ku Cannes mu 1954.

Muyenera kumvetsa kukula kwa ntchito ya mafilimu m'zaka zimenezo. Mu 1958 ku Japan kunagulitsidwa matikiti a kanema oposa 1.1 biliyoni. Mu 1960 kunali nyumba zoonetsera kanema zoposa 7,000, ndipo chaka chimenecho kunatuluka mafilimu oposa 500. Makampani akuluakulu monga Daiei, Toei, Toho, Shochiku ndi Nikkatsu ankayenera kupereka mafilimu atsopano pafupifupi sabata ndi sabata, nthawi zambiri awiriawiri. Kuti zimenezi zitheke, situdiyo inkalemba anthu ntchito yokhazikika ya pamwezi: kalipentala, wa magetsi, wosoka zovala, wometa. Mnyamata ankalowa akusesa ndi kunyamula matabwa, n'kumaonera akuluakulu zaka zambiri asanapatsidwe filimu yakeyake. Palibe koleji imene ingaphunzitse chonchi. Wokonza seti ankamaliza filimu imodzi ina ili kale patebulo, ndipo ankaphunzira kusandutsa nyumba ya tiyi ya sabata yatha kukhala ndende ya sabata ino, pongosuntha makoma ndi kusintha utoto. Nzeru yosamala ndalama inali mkati mwa ntchitoyo kuyambira tsiku loyamba.

Filimu imene inaonetsa kuti Nishioka wakhwima ndi Enjo ya 1958, ya director Kon Ichikawa. Nkhani yake inachokera pa zimene zinachitikadi: pa 2 July 1950 mnyamata wina wophunzira unsembe anatentha Kinkaku-ji, kachisi wotchuka wokutidwa golide wa ku Kyoto. Yukio Mishima analemba buku pa nkhaniyi mu 1956, ndipo filimuyi inatengedwa m'bukulo. Akuluakulu a kachisi sanakondwe nazo, moti m'filimu dzina la kachisi linasinthidwa kukhala Shukaku-ji, ndipo Nishioka anayenera kumanga kachisi wakewake. Taganizirani kulemera kwa ntchito imeneyi. Nkhani yonse yagona pa mfundo yakuti nyumbayo ndi yokongola mpaka kuzunguza mutu wa mnyamata wachibwibwi amene amadziona wonyansa. Nyumba ikaoneka ya matabwa wamba, oonera sangamvetse chimene chamupenga, ndipo filimu yafa. Kuwonjezera apo anajambula yopanda makala, yakuda ndi yoyera basi, ndiye golide sakanaoneka ngati golide. Kukongola kunayenera kuchokera ku kaimidwe ka nyumbayo, kupendekera kwa denga, ndi momwe inkaonekera pamadzi ndi mumdima, pogwirizana ndi wa kamera Kazuo Miyagawa. Kenako nyumbayo inayenera kupsa, ndipo moto ulibe kubwereza. Munthu amene wakonzekerapo usiku ngati umenewo, kuwerengetsa mbali imene igwe poyamba, komwe makamera aime ndi komwe anthu athawire, waphunzira kale theka la ntchito ya producer.

Zaka zisanu pambuyo pake, ali ndi Ichikawa yemweyo, anachita zosiyana kotheratu. Yukinojo henge ya 1963 inakonzedwa pokondwerera filimu ya nambala 300 ya wosewera Kazuo Hasegawa, amene anaseweranso gawo lomwe analisewerapo mu 1935. M'malo momanga mzinda wonse wa Edo (dzina lakale la Tokyo), malo ambiri anangowasiya mdima wa bii, n'kuikamo khoma limodzi lalitali, mtengo umodzi, kapena chingwe choyera chodutsa pakati pa chithunzi. Zimaoneka ngati siteji ya zisudzo zachikhalidwe za ku Japan zotchedwa kabuki, zomwe zikugwirizana ndi nkhani ya munthu wa zisudzo amene moyo wake wonse ndi sewero. Kwa ine, filimu imeneyi ndi imene inu muyenera kuiona kawiri. Imaphunzitsa kuti kusaika chinthu ndi chisankho cha mmisiri, osati chizindikiro cha umphawi, bola mudziwe chifukwa chimene mwasiyira malo opanda kanthu.

Kenako zinthu zinayamba kutsetsereka. Wailesi yakanema inayamba ku Japan mu 1953, ndipo ukwati wa mwana wa mfumu Akihito mu 1959 komanso masewera a Olympics a ku Tokyo mu 1964 zinachititsa mabanja ambiri kugula ma TV. Pofika 1970 matikiti a kanema anali atatsika kufika pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi a chiwerengero cha 1958. Daiei inali ndi nyumba zake zoonetsera zochepa poyerekeza ndi anzake, ndipo inkadalira kwambiri akatswiri awiri. Shintaro Katsu, wotchuka ndi mafilimu a Zatoichi kuyambira 1962, anatsegula kampani yakeyake mu 1967. Raizo Ichikawa, amene anasewera mnyamata wotentha kachisi uja, anamwalira ndi khansa mu 1969 ali ndi zaka 37 zokha. Mu December 1971 Daiei, imene mkulu wake anali Masaichi Nagata, inagwa ndi ngongole.

Apa ndiye pagona yankho la funso lanu. Pamene Daiei inkagwa, antchito a ku Kyoto anali pakati pojambula sewero la pa TV lotchedwa Kogarashi Monjiro, loyang'aniridwa ndi Kon Ichikawa, limene linayamba kuonetsedwa pa Fuji TV pa 1 January 1972. Ntchito inalipo, wogula analipo, amisiri analipo, koma kampani yoti isaine mapangano ndi kulipira anthu kunalibe. Nishioka ndi anzake a ku Daiei, kuphatikizapo ma director monga Kenji Misumi ndi Kazuo Mori komanso wa kamera Fujio Morita, anakhazikitsa kampani yotchedwa Eizo Kyoto mu 1972, ndipo Nishioka ndiye anakhala mtsogoleri wake. Sewerolo linapitirira ndipo anthu analikonda kwambiri. Linali losiyana ndi masewero a samurai aukhondo amene anthu anazolowera: woyendayenda wovala chipewa chong'ambika ndi chofunda chothimbirira, misewu ya fumbi, midzi ya njala, ndewu zothamangitsana ndi kugwa m'matope. Umphawi woterewu suchitika wokha pa kamera. Ndi amisiri okalambitsa zinthu aja, ophunzitsidwa zaka 20 ku Daiei, amene anauchititsa kuoneka weniweni.

Chuma cha Eizo Kyoto chinali anthu ake. Director kapena kampani ikafuna kupanga filimu ya makedzana koma ilibe amisiri odziwa, inkabwera kwa Nishioka, iye n'kubweretsa gulu lonse: wa kamera, wa magetsi, okonza seti, olumikiza zithunzi. Ntchito ya producer wotere si kuvala suti ndi kuyenda m'maphwando. Ndi kupanga bajeti, kugawa masiku ojambulira, kubwereka malo, kukambirana ndi a TV, ndi kuonetsetsa kuti ntchito ina ikutha ina ili pakhomo, kuti gulu lisabalalike. Kalipentala wodziwa kumanga nyumba ya m'zaka za m'ma 1700 akangopita kukagwira ntchito ya zomangamanga wamba chifukwa cha njala, sabweranso, ndipo luso lake lapita naye.

Mwati wina amadya ndalama, wina amaziumira. Zimakhala choncho pamene awiriwo sakudziwa ntchito ya mnzake. Producer wosadziwa seti akauzidwa kuti ndalama zachepa amadula paliponse mofanana, ndipo filimu yonse imaoneka yotchipa. Wokonza seti wosadziwa bajeti amamanga zipinda zinayi pomwe kamera idzaona chimodzi. Zili ngati mmisiri womanga nyumba amene wapatsidwanso chikwama: amadziwa kuti simenti ya pa maziko sachepetsa, koma khoma la kuseri lingadikire pulasitala. Nishioka ankatha kuwerenga tsamba la nkhani n'kudziwa nthawi yomweyo kuti likufuna masiku angati, amisiri angati, ndiponso kuti msewu umodzi womangidwa bwino ungajambulidwe mbali zitatu n'kukhala misewu itatu.

Sindikunena kuti kuphatikiza maudindowa kulibe ngozi. Ilipo, ndipo ndi yaikulu. Munthu amene akugwira chikwama komanso amakonda matabwa angathe kukondera gawo lake, ndalama n'kuthera pa nyumba zokongola pomwe nkhani ndi yofooka kapena ochita sewero sanapatsidwe nthawi yokonzekera. Komanso director amataya munthu mmodzi woti akangane naye, ndipo mikangano ina pa filimu ndi yothandiza. Chimene chinateteza Nishioka, m'kuona kwanga, ndi chakuti ankagwira ntchito ndi ma director amphamvu, ouma mutu, amene sakanalola kuti seti iwalamulire.

Mmodzi mwa iwo ndi Hideo Gosha. Awiriwa anagwirapo limodzi Hitokiri mu 1969, ndipo m'zaka za m'ma 1980 Gosha anatenga Nishioka ndi Morita pa mafilimu ake akuluakulu a kampani ya Toei: Onimasa mu 1982, Yokiro mu 1983, ndi Yoshiwara enjo mu 1987. Apa Nishioka anachoka ku nthawi ya samurai n'kubwera kumayambiriro a zaka za m'ma 1900, ku nyumba za zigawenga ndi nyumba zosangalatsira amuna, zodzaza makwerero, makonde ndi tizipinda, momwe akazi amaonerana ndi kumverana kudzera m'makoma a pepala. Nyumba zimenezi ndi zokongola koma ndi ndende, ndipo wooneranso amamva kupanikizika. Yoshiwara enjo imathera pa moto waukulu umene unapsereza dera la Yoshiwara ku Tokyo mu 1911, choncho patapita zaka pafupifupi 30 chichokereni Enjo, Nishioka anamanganso zinthu zoti zipse.

Rikyu ya 1989, ya Hiroshi Teshigahara, inafuna dzanja lina. Ndi nkhani ya Sen no Rikyu, katswiri wa mwambo wa tiyi amene analamulidwa kudzipha mu 1591 ndi wolamulira Toyotomi Hideyoshi. Mkangano wa anthu awiriwa uli m'zipinda zawo. Hideyoshi anali ndi chipinda cha tiyi chokutidwa golide. Rikyu ankakonda kachipinda ka mphasa ziwiri zokha, ka makoma a dothi, kolowera pa kabowo kochita kuwerama. Kujambula m'kachipinda kotero ndi mutu waukulu, chifukwa kamera, magetsi ndi anthu sizingakwanemo. Seti imamangidwa ya makoma ochotseka, koma chithunzi chiyenera kusunga kuthina kwake, apo ayi tanthauzo latayika. Pa filimuyi anagwiritsanso ntchito ziwiya zenizeni zakale zamtengo wapatali, zomwe zimafuna kuti eni ake akukhulupirireni musanazikhudze. Kukhulupirika kotere kumamangidwa zaka zambiri, ndipo nakonso ndi chuma cha producer.

Tsopano Dora-heita imene mwaonerayo. Nkhani yake inalembedwa kalekale ndi ma director anayi, Akira Kurosawa, Keisuke Kinoshita, Masaki Kobayashi ndi Kon Ichikawa, amene anapanga gulu lawo mu 1969 pofuna kupulumutsa mafilimu a ku Japan. Filimu yoyamba ya gululo, Dodes'ka-den ya Kurosawa ya 1970, sinapeze ndalama, ndipo Dora-heita inagona m'kabati zaka 30. Pomwe inkatuluka mu 2000, ndi Koji Yakusho pa gawo lalikulu, atatu mwa olembawo anali atamwalira; anatsala Ichikawa yekha, ali ndi zaka zoposa 80. Ndiye mukaona dzina la Nishioka kawiri pamenepo, mukuona munthu wa zaka pafupifupi 78 akuthandiza mnzake amene anayamba kugwira naye ntchito m'zaka za m'ma 1950 kumaliza ntchito yotsalira. Dera la zigawenga la m'filimuyo, lothinana, lamatope, lodzaza nyali ndi tinjira, ndi ntchito ya manja a gulu lomwe iye analisunga kuyambira 1972.

M'nyengo yomweyo anakonza seti za Gohatto ya 1999, filimu yomaliza ya Nagisa Oshima, ndipo pamene Yoji Yamada ankapanga filimu yake yoyamba ya samurai, Tasogare Seibei ya 2002, Nishioka anali woyang'anira maonekedwe ake. Nyumba ya samurai wosauka ya m'filimu imeneyo, yamdima, ya mapepala omatamata ndi nkhuku pabwalo, ndi umboni wa zimene ndanena zija, kuti udindo wa munthu umaoneka pa thabwa ndi pa pepala. Analandira kangapo mphoto ya Japan Academy ya okonza maonekedwe a filimu, ndipo mafilimu amene anagwirapo ndi oposa 100. Eizo Kyoto inatsekedwa mu 2010, patatha zaka 38, ndipo Nishioka anamwalira mu October 2019 ali ndi zaka 97.

Kwa inu amene mumajambula m'nyumba zobwereka, zambiri mwa izi zingaoneke zakutali, koma kagwiridwe kake mungakatenge mawa lomwe. Musanapite kukasaka malo, jambulani papepala pulani ya chipinda chilichonse cha m'nkhani yanu, muike pomwe pali khomo, zenera ndi pomwe kamera idzaime, kenako mukhale pansi ndi wa kamera wanu. Mudzapeza kuti khoma lina silidzaoneka n'komwe, ndipo ndalama yake ipite pa chinthu chimene chidzakhale pafupi ndi nkhope ya wosewera. Pa katundu aliyense lembani mtengo wake ndi kumene achokere, ndipo pepala limenelo mulipereke kwa wogwira ndalama musanajambule, osati tsiku lojambula. Samalani ndi zinthu zatsopano: ndowa yogula dzulo ndi nsalu yosachapidwapo zimaulula bodza msanga kuposa wosewera wolakwitsa mawu. Katundu wa filimu yatha musamataye kapena kugawana; pezani pomusunga ndi kaundula wake. Ndipo kalipentala kapena telala amene wamvetsa zimene kamera imafuna, muitaneninso pa filimu yotsatira ngakhale wina atakulonjezani mtengo wotsika.

Ngati mungapeze mafilimu ake, yambani ndi Enjo, mutsatize Yukinojo henge, kenako Rikyu. Muonere kamodzi kuti mumve nkhani, ndipo kachiwiri muzimitse mawu, muziimitsa chithunzi pa chipinda chilichonse n'kuyesa kujambula pulani yake papepala.